Zibangili Pansi pa Juzi

Ba anakhoma chitseko cha kuchipinda kwawo ngakhale kuti m'nyumba monse tinalimo awiriwiri.

"Suzumira pawindo," anatero. "Kukubwera munthu?"

Ndinasuzumira. Mumsewu munali zii, kupatula mzungu wina amene ankatsuka galimoto yake ali chifuwa pamtunda. Linali Lachinayi masana, mwezi wa Juni, 2006, ndipo ku Edmonton, mu London, kunkatentha ngati dzuwa lake achita kukabwereka ku Nsanje.

"Kulibe, Ba."

"Bwera kuno. Upume pang'onopang'ono, makoma a kuno ndi mapepala."

Ba ndi mayi ake a Ketan, mwamuna amene ndinkafuna kukwatiwa naye. Dzina lawo ndi a Kantaben, koma aliyense amangoti Ba, ndiye kuti amayi m'Chigujarati. Anakhala ku Limbe zaka makumi awiri akugulitsa nsalu ndi malemu amuna awo asanasamukire ku London. Ine ndinawadziwira mu wodi momwe ndimagwira unesi. Tsiku lina ndikuwayeza shuga, gogo wachimwenye uja anatsinzina n'kudandaula yekha kuti, "Mayo ine, kubayidwa tsiku ndi tsiku ngati ndinaba." Ndinatsala pang'ono kugwetsa thireyi. Nditawayankha m'Chichewa anandigwira dzanja osafuna kulisiya, ndipo madzulo ake anandionetsa kwa mwana wawo wogwira ntchito ku famase ya pachipatala pomwepo, wamtali, wamanyazi, wolankhula Chichewa cha mwana wa sitandade thu chifukwa ndi msinkhu umene anachoka nawo ku Limbe.

Ba anagwada movutika n'kutulutsa chitini cha mabisiketi pansi pa bedi. M'chitinimo munali mpango wofiira, mumpangomo munali sokosi, ndipo atakhuthula sokosiyo pabedi panagwa zibangili zisanu ndi chimodzi zagolide. Zinali zolemera, chilichonse chojambulidwa timasamba ndi timbalame ta michira yaitali kuzungulira.

"Bweretsa dzanja."

"Ba, izi zanga?"

"Ayi, za mphaka wa aneba. Bweretsa dzanja, iwe."

Dzanja langa ndi lalikulu, ndinatengera bambo anga. Chibangili choyamba chinakakamira pa mfundo za zala. Ba sanagonje. Anakatenga sopo wotsukira mbale ndi kajumbo, anandiveka kajumboko ngati golovesi, anapaka sopo, n'kuyamba kufinya zala zanga pamodzi mpaka misozi inalengeza. Chimodzichimodzi zinalowa zonse kudzanja lamanzere. Nditagwedeza mkono zinalira, ngwe ngwe ngwe, ndipo m'mutu mwanga ukwati unali utayamba kale: maluwa achikasu, kwaya ya tchalitchi chathu cha ku Barking mbali iyi, ng'oma zachimwenye mbali inayo, ine pakati.

"Mtengwa wa nyumba ino ndiwe," anatero Ba. "Koma usauze munthu kufikira tsiku lake. Ngakhale Ketan. Lumbira."

Ndinalumbira mosaganiza kawiri. Ine chinsinsi ndimachikonda kuposa mphatso yeniyeniyo.

Vuto linabwera pozivula. Dzanja linali litatupa chifukwa chofinyidwa ndi kutentha, ndipo zibangili zinakana. Ba anaseka mpaka kutsokomola.

"Zakukonda. Uli pa ofu mpaka Lolemba, si choncho? Likaphwa dzanja zivuka. Vala juzi langa ubise."

Ndinatuluka m'nyumbamo nditavala juzi laubweya la mayi wa zaka makumi asanu ndi awiri, dzuwa likuswa mtengo, mtima ukuvina.

Koma tsiku lake limene Ba ankanena linali lisanadziwike, chifukwa papepala Ketan anali mwamuna wa munthu. Abale anamukwatitsa mu 2002 ku Navsari, ku India, kwa mtsikana wotchedwa Falguni. Anabwera naye ku London, ndipo chaka chisanathe anapatukana, popanda ndewu, popanda chitonzo, atangoona kuti sakumvana. Ine ndinabwera zonsezi zitachitika kale. Popeza ukwati unamangidwa kumeneko ndi lamulo la Ahindu, mabanja onse awiri anati ukathere komweko, pepala la khothi la kuno sangalilemekeze. Lamulolo limalola anthu kusudzulana mogwirizana, koma limafuna avomere kawiri. Koyamba amapita limodzi kukapereka pempho. Kenako amadikira miyezi isanu ndi umodzi kuti mwina mitima ibwerera, n'kukaimanso onse awiri pamaso pa woweruza kunena kuti sanasinthe maganizo. Ikatha miyezi khumi ndi isanu ndi itatu asanabwerere, pempho lija limafa. Ulendo woyamba anapita. Wachiwiri Falguni ankangozengereza, ndipo panali patatsala masabata atatu.

Madzulo omwewo ndinakumana ndi Ketan ku Greenwich, m'mbali mwa mtsinje, kumene kulibe wa ku kachisi kapena wa ku tchalitchi kwathu amene akanatiwona. Ndinamuzindikira patali kuti sizili bwino, chifukwa akakhumudwa amayenda manja ali kumbuyo ngati hedimasitala.

"Wakananso," anatero. "Tikiti ndamugulira, akuti sakwera."

"Akufuna ndalama zina?"

"Ayi. Za chisamaliro tinamvana kalekale. Ine ndinati ndizimupatsa mwezi ndi mwezi, iye anati ayi, kamodzi basi, aliyense aziona zake. Ndinavomera. Maloya analemba."

"Nanga chatsala n'chiyani?"

"Akuti katundu wake wina sitinabweze. Ba analumbira pamaso pa akuluakulu a ku kachisi kuti anabweza zonse. Ndikhulupirire ndani, Luntha? Mayi anga kapena iye?"

"Katundu wanji?"

"Zachizimayi. Usavutike nazo." Anapumira m'mwamba. "Lamlungu kuli msonkhano womaliza kunyumba. Kubwera a Rasikbhai a ku kachisi ndi amalume ake a Falguni. Zikakanika pamenepo, ndiye kuyambiranso, ndipo akakana kusayina kachiwiri mlandu wake utha kutenga zaka zisanu. Udzandidikira zaka zisanu?"

Anatambasula dzanja kuti agwire langa lamanzere. Ndinazungulira msanga n'kumupatsa lamanja.

"Juzi la Ba ili?" anafunsa akundiyang'ana kuyambira kumutu. "Kutentha konseku?"

"Ndikumva ngati malungo."

"Malungo ku Greenwich? Udzudzu wake wabwera pa boti?"

Ndinaseka, mkono nditaukanikiza pamimba kuti usalire. Posiyana ndinali nditaganiza kale chochita. Ndinkafuna kumuona ndi maso anga mkazi amene anagwira moyo wanga m'manja mwake, ndipo sindinauze aliyense.

Ndinkadziwa kuti Falguni amagwira ntchito mu shopu ya magalasi a maso ku Ilford. Lachisanu m'mawa ndinakwera basi ku Barking, njira yonse ndikumujambula m'maganizo: wamtali, wamilomo yofiira, wa maso ozizira. Mu shopumo ndinapezamo kamayi kakafupi ka tsitsi lodula, kakuseka ndi kasitomala wokalamba. Pachifuwa panali baji ya dzina lake. Ndinayamba kuyesa mafelemu ndi dzanja limodzi, ndikumuba ndi diso pagalasi.

Kasitomala atatuluka anabwera kudzaima kumbuyo kwanga.

"Maso anu alibe vuto, a Luntha," anatero m'Chingerezi. "Akuona bwino kwambiri, makamaka cham'mbali."

Mafelemu anandipulumuka.

"Mwandidziwa bwanji?"

"Msuweni wanga anakuonani pa boti ndi Ketan mwezi wa Epulo. Amwenye a ku London tilipo ambiri, koma pakamwa ndi pamodzi. Bwerani kumbuyo kuno, ndili ndi mphindi khumi."

Kachipinda kakumbuyo kanali kodzaza makatoni, kotentha ngati uvuni. Anandithirira tiyi. Ndinalandira ndi dzanja lamanja, lamanzere lili phee pamiyendo.

"Mwabwera kudzaona mfiti imene ikutsekereza ukwati wanu," anatero akumwetulira. "Onani bwinobwino. Ine Ketan sindimufuna, mutengeni. Ndi munthu wabwino, koma chaka chonse chija anandilankhula mawu osakwana tsamba limodzi. Nanenso ndatopa kukhala mkazi wa munthu papepala."

"Nanga bwanji simukukwera ndege?"

"Kwathu kuli chinthu chimene timati stridhan, chuma cha mkazi. Chilichonse chimene mkazi wapatsidwa pa ukwati wake ndi chake, si cha mwamuna, si cha apongozi. Lamulo limatero. Banja likatha amachoka nacho. Zanga anabweza, nsalu zovala za sari, ndolo, mikanda, ngakhale mapoto. Chinthu chimodzi chokha ndi chimene sanabweze, ndipo m'pangano akufuna ndisayine kuti ndalandira zonse. Ndikasayina, basi, sindidzafunsanso mpaka imfa."

Anatsegula kachikwama n'kutulutsa chithunzi chakale chopindika m'makona. Panali mayi wovala sari yobiriwira atanyamula khanda. Pamkono pake panali zibangili zisanu ndi chimodzi, za timasamba ndi timbalame ta michira yaitali.

Ndinaika kapu ya tiyi pansi.

"Mayi anga," anatero Falguni. "Anamwalira ndili ndi zaka khumi ndi ziwiri. Bambo anazisunga mpaka tsiku la ukwati wanga. Titafika kuno Ba anati azisunge iwo chifukwa ku London kuli akuba. Lero akuti sakuzidziwa. Chimodzi mwa izo chili ndi kadzenje m'mphepete. Ndinachiluma ndine, mano akumera. Mayi anakana kukachikonzetsa."

Pansi pa tebulo chala changa chinalowa mu mkono wa juzi. Chibangili choyamba chinali chosalala. Chachiwiri chosalala. Pa chachitatu chala chinagwera m'kadzenje.

"Mukutuluka thukuta kwambiri," anatero akundiyang'anitsitsa. "Vulani juzilo, mukomoka."

"Ayi! Ayi, zikomo. Ndi malungo."

"Nesi woyenda ndi malungo m'basi?" Anabweza chithunzi m'kachikwama. "Mukamuuze Ketan kuti ndalama zake atha kuchepetsa ngati akufuna. Andipatse za mayi anga lero, mawa ndikwera ndege."

Ndinadzuka nditakumbatira mkono wanga ngati wothyoka, ndinatsanzika mawu osamveka, ndipo nditafika panja ndinathamanga mpaka pa siteji. Zibangili zinalira njira yonse ngati zikuitana mwini wake.

Phyllis, mnzanga amene ndimakhala naye pa fulati ku Barking, anandipeza kubafa mkono uli m'ndowa ya madzi ozizira. Kwa iye kubisa kunakanika, umboni unali poyera. Nditamufotokozera anakhala pamphepete pa bafa n'kuseka mpaka kugwira nthiti.

"Ndiye unakakhala pamaso pa mwini katundu, katundu uli pathupi, n'kumamwa tiyi wake? Iwe mwali, kundende ya Maula akulandira ndi nyimbo!"

"Thandize kukoka, usandiseke."

Tinayesa Vaselini, mafuta ophikira, shampu. Dzanja linangotupirako.

"Muimbire Ketan," anatero Phyllis atatopa. "Nkhani ithe lero."

"Ndinalumbira. Komanso ndikatero ndawapanga Ba kukhala wabodza pamaso pa mwana wawo. M'banja monse muja amene amandifuna ndi iwo okha."

"Ndiye sankha, asisi. Gogo kapena mwamuna. Koma masabata atatu si ambiri."

Loweruka ndinalawirira ku Edmonton nthawi imene Ketan amakhala ku ntchito. Ba ndinawapeza kukhitchini akusadzula nyemba zaziwisi. Sindinakhale pansi.

"Ba, zibangili izi ndi za mayi ake a Falguni."

Manja awo anaima pang'ono, kenako anapitiriza.

"Wakuuza ndani?"

"Ndaona chithunzi. Ndapeza ndi pamene analuma ali khanda."

"Unapita kwa iye? Wachita kundizembera?" Anakankha mbale. "Tamvera, mwana iwe. Golide akalowa m'nyumba ndi wa nyumba. Amachoka pamkono wa mtengwa uyu kupita pa mtengwa wina. Ine ndinafika ku Limbe ndi zibangili khumi ndi ziwiri za mayi anga. Sabata yoyamba apongozi anandivula zonse. Zina anaveka mkazi wa mlamu wanga, zina anagulitsa n'kuodera nsalu za mu sitolo. Ndinapita kukhothi ine? Ndinalira kuseri kwa kauntala, ndinapukuta maso, kasitomala analowa."

"Ndiye munamva kuwawa."

"Mpaka lero."

"Nayenso akumva choncho, Ba."

Anayang'ana kumbali. Analankhula motsitsa mawu.

"Ndilibe china chokuveka. Zanga zinathera m'nsalu. Ukalowa m'nyumba muno mikono ili yopanda kanthu, azimayi a ku kachisi adzati Kantaben sanamulandire, wangolekerera. Adzakuseka kuti ndiwe wakuda, adzakusekanso kuti ndiwe wamanjamanja. Ndinafuna atseke pakamwa."

Ndinafuna kuwakumbatira, koma ndinadziletsa.

"Falguni akapanda kukwera ndege sindilowa n'komwe m'nyumba muno, ndi zibangili kapena popanda."

"Akwera. Akungoopseza. Ine ndinalumbira pamaso pa a Rasikbhai, nyali ya mapemphero ikuyaka. Ukufuna ndikaime mawa ndinene kuti ndinanama? Pa msinkhu uno?" Anatola mbale ija. "Nawenso unalumbira. Mawa ubwere ndi makina ako a shuga, ukhale pakona ngati nesi wanga, utseke pakamwa. Uona wekha akusayina."

Lamlungu masana pabalaza panadzaza. A Rasikbhai, bambo wa tsitsi loyera amene anakulira ku Kampala, anakhala pakati ndi mapepala, ntchito yawo yonga ya ankhoswe kwathu. Kumanja kwawo kunali Ketan ndi Ba. Kumanzere kunali Falguni ndi amalume ake, bambo wonenepa wosaseka. Ine ndinali pakona pafupi ndi wailesi yakanema, makina a shuga pamiyendo, juzi lili pathupi. Falguni atandiona anakweza nsidze.

A Rasikbhai anawerenga pangano ndime ndi ndime, m'Chingerezi kuti zifanane ndi za maloya. Kuti awiriwa akhala mosiyana zaka zoposa zitatu: onse anavomera. Kuti chisamaliro chiperekedwa kamodzi, tsiku la kukhothi, ndipo palibe adzafunsenso mnzake: onse anavomera. Kuti palibe wokakamizidwa: anavomera. Mtima wanga unkagunda pa ndime iliyonse ngati ndikuwoloka mtsinje podumpha miyala.

"Ndime yomaliza. Kuti mkazi walandira stridhan yake yonse."

"Sanalandire," anatero amalume.

Chipinda chinaphulika m'Chigujarati. Amalume ankamenya tebulo, Ketan ankatambasula manja, a Rasikbhai ankapempha bata. Kenako anatembenukira kwa Ba n'kuwafunsa mofatsa, ndipo ngakhale sindimva chilankhulocho ndinadziwa funso lake. Ba anayang'ana pakapeti. Anapukusa mutu.

Falguni anatseka cholembera chake n'kuchiika m'chikwama. Sanakalipe. Anaimirira, anawerama pang'ono kwa a Rasikbhai, n'kuyamba kulowera kukhomo.

Masitepe ake anali asanu okha kuti afike pachitseko. Pa lachitatu ndinamva mawu anga akutuluka, m'Chichewa, chimene m'chipindamo tinkamva atatu basi.

"Ba, akagwira chitseko chija ine ndiphwanya lumbiro langa. Koma ndikufuna munene ndinu."

Onse anatembenuka. Ngakhale Falguni anaima.

"Lumbiro lanji?" anafunsa Ketan. "Luntha? Ba, akunena chiyani?"

Ba anandiyang'ana nthawi yaitali, maso ali ofiira. Ndinaganiza kuti anditukwana. Ndinaganiza kuti andithamangitsa. M'malo mwake anagwira ndodo yawo n'kudzuka.

"Ketan, katenge sopo wa mbale kukhitchini."

"Sopo?"

"Wagontha? Ndi jumbo."

Anayenda pang'onopang'ono mpaka pakona panga, anandiimiritsa, anandikokera pakati pa chipinda, ndipo ndi manja awo anapinda mkono wa juzi mpaka m'chigongono. Dzuwa la pawindo linagwera pa golide.

Falguni anakuwa mawu amodzi, ndikuganiza kuti anaitana mayi ake. Chikwama chinagwa pansi. Anathamangira mkono wanga, anatembenuza zibangili mofulumira mpaka anapeza chakadzenje, n'kuchigwira ndi manja onse awiri, dzanja langa lili momwemo.

"Lachisanu lija?" anandifunsa misozi ikutsika. "Munali nazo Lachisanu lija? Pa tebulo langa?"

"Zinakana kuvuka. Ndipo sindinkadziwa kufikira munandionetsa chithunzi."

"Malungo!" anatero, ndipo anayamba kuseka akulira.

Amalume anali atayamba kale kubangula za apolisi, koma Ba anakweza dzanja n'kulankhula m'Chigujarati, mawu ochepa, mutu uli chilili. Ketan anandimasulira pambuyo pake. Ba anati: ndinanama, ndinazibisa ndine, mtsikana uyu sanadziwe, mwana wanganso sanadziwe. Atatha anagwira manja a Falguni n'kunenanso mawu ena, amene Ketan anakana kumasulira. Falguni anatembenukira kwa amalume ake n'kuwauza kuti akhale pansi, ndipo anakhala.

Kuvula kunatenga theka la ola. Falguni anati sopo yekha sangathandize. Anandiimika mkono m'mwamba ngati mwana wa sukulu wodziwa yankho, anaukulunga ndi paketi ya nsawawa zowuma ndi chisanu ya mufiriji, kenako iye anafinya zala, Ba anakoka, Ketan anagwira chigongono. Chilichonse chikavuka a Rasikbhai ankachilandira, kuchipukuta ndi mpango wawo n'kuchiika pa pangano. Chachisanu ndi chimodzi chinatuluka ndi kakhungu kanga, ndipo ndinakuwa "Mayo!" mpaka galu wa aneba anayankha.

A Rasikbhai anavula magalasi awo n'kundiyang'ana, kenako Ba, kenako Ketan.

"Pepani, ndakalamba, zina zimandidutsa," anatero. "Zibangili za mtengwa zimapezeka bwanji pamkono wa nesi? Kodi nesiyu ndi ndani kwenikweni?"

Ketan, munthu amene amachita manyazi ngakhale poitanitsa chakudya, anapukuta sopo m'manja pa thalauza lake n'kuima pambali panga.

"Ndi amene ndidzamukwatire, khothi likatimasula."

Ine dzanja linkawawa, nkhope ikuyaka, koma ndikanatha kuuluka kudutsa padenga.

"Ndiye tifulumire," anatero Falguni akutola cholembera chake. Anasayina tsamba lililonse zibangili zikulira pamkono pake, n'kukankhira mapepala kwa Ketan. "Ndege ndi ya liti?"

Ba sanadikire tiyi. Anakwera kuchipinda kwawo osandiyang'ana, ndipo masabata awiri otsatira foni yanga sankayankha. Ku kachisi nkhani inali itafala, ndipo Ketan anati Ba asiya kupitako. Chimwemwe changa chinali ndi kamwala mkati. Ndinkawerenga masiku, ndikulota zoopsa masana: ndege yachedwa, woweruza wadwala, Falguni wasintha maganizo pakhomo la khothi.

Foni inalira Lachitatu m'mawa, kutatsala masiku awiri kuti pempho life, ndili m'basi kupita ku shifiti. Mawu a Ketan ankamveka patali, kumbuyo kwake mahutala ndi phokoso la anthu.

"Luntha! Ukundimva? Woweruza anatifunsa aliyense payekha. Anafunsa Falguni katatu ngati wina wamukakamiza, kenako anafunsa ngati katundu wake walandira, iye anangokweza mkono..."

"Ndiye? Ketan, ndiye?"

"Woweruza wasayina! Zatha! Ndine mbeta!"

"Mwamuna sakhala mbeta, iwe!" ndinakuwa, basi yonse ikundiyang'ana. Mayi wina wachijamaika amene anakhala pambali panga anafunsa ngati ndawina lotale, ndipo ndinamupsompsona patsaya.

Ndinatsika siteji imodzi chipatala chisanafike, pafupi ndi kwa Ba. Ndinali ndi mphindi makumi awiri. Ndinathamanga ndi yunifolomu mpaka pakhomo pa Ba n'kugogoda, ndisakudziwa ngati atsegula. Ndinagogodanso. Ndinamva ndodo ikutsika masitepe, kenako tcheni cha pachitseko.

Anatsegula pang'ono n'kundiyang'ana ndi diso limodzi.

"Ba, khothi..."

"Ndamva kale. Falguni waimbira ine poyamba, asanaimbire ngakhale bambo ake. Akuti ndikuuze kuti Ketan akakhala chete usamayese wakwiya, amakhala akuganiza za masewera a kiriketi." Anachotsa tcheni n'kutsegula chitseko chonse. "Lowa msanga. Ukuonetsa mano msewu wonse, anthu ayesa ndalemba ntchito wamisala."